Ngamila ya Alamu Anu

Hafar al-Batin,
Mwezi wa Shabani

Okondedwa achemwali anga a Ghuzayil,

Mtendere wa Mulungu ukhale nanu. Muli bwanji kumeneko ku Jubba? Bondo la ababa likuwalola kufika ku mzikiti? Nanga amayi, shuga uja watsika? Ife kuno tilipo, tonse tikupuma.

Ndasankha kulemba chifukwa ndikangogwira foni, apongozi amabwera kudzakhala pambali panga, ati akufuna mphepo ya fani.

Munamva kuti alamu anu a Mutlaq anagonekedwa m'chipatala. Mmene zinayambira simunamve. Wadha, ngamila yawo yoyera ija, inabereka kumapeto kwa dzinja, ndipo kamwanako kanayamba kutuluka mamina. Alamu anu anasamukira kukhola kuchipululu. Ankakapukuta mphuno ndi mpango wawo wakumutu, womwe uja ndimachapa ine. Mkaka ankamwa wongokama kumene, thovu lili m'ndevu.

Nthawi imeneyo wailesi inali itayamba kale kunena kuti chifuwa chimene chikupha anthu chikuchokera ku ngamila, kuti tiziwiritsa mkaka ndi kutseka pakamwa tikamayandikira khola. Nditawauza, anaseka. Anati agogo awo anamwa mkaka wa ngamila mpaka mano onse kutha, ndipo anawapha ndi ukalamba. Tsiku lina mnzawo anawajambula pa foni akupsompsona Wadha pamphuno, chithunzicho n'kuzungulira tauni yonse. Ine ndinachiona kwa mayi woyandikana nafe. Achemwali, chikwatirane munthuyu sanandigwirepo ngakhale dzanja pamaso pa anthu.

Kenaka thupi linatentha, chifuwa chinabwera, mpweya unayamba kuchepa. Anawatsekera m'chipinda chaokha, paipi ili kukhosi. Ine ndi ana anatiyeza n'kutiuza kuti tisatuluke m'nyumba. Tinapezeka tilibe matendawo, komabe anthu anasiya kubwera kudzamwa khofi. Mbale ya zipatso za kanjedza imene ndinatumiza kwa aneba inabwerera yosakhudzidwa. Sita wanga anzake a kusukulu akumutcha mwana wa ngamila mpaka lero.

Ndinapemphera mpaka mawondo anachita zikang'a. Atawachotsa paipi, namwino anandiimika pa galasi n'kundipatsa foni kuti ndilankhule nawo. Anali atatha, maso okhaokha. Ndinalira ngati mwana. Iwo anasuntha milomo, ine n'kukanikiza foni kukhutu.

"Nuwayir, kamwana ka Wadha kakuyamwa?"

Ndinati, "Ana anu ali bwino, zikomo pofunsa." Ndinabwezera namwino foni yake.

Pano ali kunyumba, koma akakwera masitepe amapumira panjira. Adokotala awaletsa kupita kukhola, poti a zanyama atayeza anapeza kachilomboko mwa Wadha ndi kamwana kake. Ati ngamila zimachira zokha pakapita masabata. Apongozi akuti si kachilombo ayi, ndi diso la munthu wa nsanje, ndipo akamanena amayang'ana ine.

Lachinayi lapitali alamu anu anandichonderera kuti ndikawaonere Wadha. Mng'ono wawo Hamad ananditengera pa galimoto. Ndinavala kansalu kotseka pakamwa n'kuima patali. Wadha itaona galimoto ija inathamangira kumpanda, n'kusuzumira m'kati kufuna mwini wake. Itaona kuti mulibe, inalira kulira kwina kumene sindinakumvepo. Linunda lagwa, nthiti zikuwerengeka. M'busa wa ku Sudan amene amazisamala anati siikudya bwino chichokere abwana.

Inenso ndinaonda, achemwali. Madiresi onse akundikhwepa. Koma alamu anu sanatume munthu kuti adzandione.

Nditabwerera, ndinawapeza akundidikira pakhomo, chinthu chimene sanachitepo. Ndinawauza kuti Wadha yanenepa, ikudya ngati ilibe mbuye. Nkhope yawo inagwa, ndipo Mulungu andikhululukire, mtima wanga unazizira bwino. Koma Hamad ndi pakamwa pake wakawauza zoona, ndiye tsopano akuti Lachisanu likubwerali akachoka ku mzikiti apita, adokotala anene zimene anganene. Ndinawafunsa kuti akadwalanso anawa ndiwauza chiyani. Anangoti iwe sungamvetse. Ndabisa makiyi a galimoto mu ufa, koma zimenezi sizingakhalitse.

Pempho langa ndi ili. Lankhulani ndi ababa kuti aimbire foni alamu anu, awapemphe Wadha ndi kamwana kake, ati akufuna kuti ikabereke m'khola lawo. Mukudziwa kuti a Mutlaq sangakanize mkulu amene anawapatsa mwana wake. Angalolere kudula chala. Ababa awalumbiritsenso a Mutlaq kuti asayandikire khola mpaka a zanyama atanena kuti nyamazo zayera, ndipo Wadha isanyamulidwe tsikulo lisanafike. Ikafika kumeneko mkaka muziwiritsa, ababa akakana muwauze kuti ndalumbira ine. Koma kwa alamu anu, dzina langa lisamveke m'nkhaniyi.

Mwina mukuseka kuti ndiye ndapindulanji, poti munthuyu aziyenda ulendo wa ku Jubba mwezi ndi mwezi kukaona chuma chake. Ndaziganizira. Sangabwere kwa apongozi ake osanditenga ine. Msewuwo ndi wautali, ndipo foni m'malo ambiri siigwira. Akafika akaipsompsone ngati afuna, ine ndidzayang'ana kumbali. Koma popita ndi pobwera, mpando wakutsogolo ndi wanga, ndipo adzalankhula ndi ine chifukwa kulibenso wina.

Mundipsompsonere ababa ndi amayi pamutu. Moni kwa alamu anga a Dhaifallah, kwa azakhali a Munira, ndi kwa ana anu onse. Sita ndi Bandar akuti moni kwa agogo.

Mulungu akusungeni mpaka tidzaonane.

Ndine mng'ono wanu,
Nuwayir