Ife Amene Tinali M'holo mu 96

Lachiwiri, 10 Juni

Taluza. 81 kwa 79, kwawo kwa a Brodar. Tsopano ziwiri kwa ziwiri, gemu yachisanu ya fainolo ya basiketibolo Lamlungu kuno kwathu, wopambana atenga chikho. Chikhocho dzulo chinali m'holo momwemo, pathebulo, chikunditsinzinira. Kochi wa timu yathu ya Livac ndikanakhala ine, bwenzi pano tikumwera kachasu wathu, rakija, m'menemo. Ndinakuwa kasanu kuti atulutse m'bwalo chimphona chathu chaulesi chija, mawu anga anamveka mpaka kutsidya kwa mtsinje, koma munthuyo ngati anathira phula m'makutu.

Mu shopu muli zii. Mwambo womwe uja: fainolo ikayamba palibe wometa, kaya ndevu kaya tsitsi, mpaka chikho chidziwe kwawo. Tauni yonse yasanduka khola la atonde. Wansembe yekha ndiye sanasinthe, ndevu zake n'zakalekale. Ine Ljubisav, wometa woposa onse kuchokera pano mpaka kunyanja, ndangokhala pampando wa makasitomala kunola lumo lopanda ntchito. Ndiye ndagula kope ili. Anthu otchuka amalemba.

Lachitatu, 11 Juni

Masana ku kafana, bala ya Miladin. Miladin ndi kum wanga, tingoti nkhoswe, anatiimirira paukwati, anaimiriranso mwana wathu paubatizo, komanso ndiye wapampando wa ochemerera. Matikiti onse a mbali yathu amatuluka m'thumba mwake. Mulungu kumwamba, kum pansi, makamaka sabata ino.

Alowa a Profesa Cvetko, aja ankaphunzitsa masamu, fayilo m'khwapa. Akulemba buku la mbiri ya magemu achisanu a Livac. Ati basiketi yeniyeni ndi gemu yachisanu basi, zinayi zoyambazo n'kungopatsana moni. Atiwerengera ngati maliro:

89, tinaluza. Oyimbira anali mlamu wa munthu wina.
96, tinapambana.
2004, tinaluza, mpira unazungulira nkhata katatu n'kutuluka. Ine ndinawerenga kasanu ndi kawiri.
2013, tinaluza ndi 22, osakamba.

Ati zimenezi si mwangozi. Pakati pathu pali baksuz, munthu wa tsoka, koma tsoka lake n'laulemu: limagona chaka chonse, limangodzuka chikho chikalowa m'holo. Titaluza 2013 tinagwirizana kuti baksuz ndi Obren wa positi, tinamuletsa kuyandikira holo. Obren anamwalira dzinja lathali, koma Lolemba taluzabe. "Ndiye timupepese," anatero Miladin, tonse tinathira dontho pansi.

A Profesa apeza anthu asanu ndi awiri amene analipo pa kuluza konse, kuphatikiza Lolemba. Iwo eni, Miladin, ine, ndi madala ena anayi a pathebulo la pakona. Lamulo lawo n'losavuta. Amene analiponso mu 96, tsiku lopambana, ndi woyera. Amene kunalibe, ndiye baksuz, tikiti alandidwe, Lamlungu akakhale kutsidya kwa mlatho. Vuto n'lakuti tonse asanu ndi awiri tinalipo.

"Ndiye wina akunama," atero a Profesa. "Holo ija inkalowa anthu 1,800. Mboni zimene zandiuza kuti zinalimo zakwana 6,000."

Loweruka aliyense adzafotokoze zake pamaso pa gulu.

Ndaseka mpaka mpando kulira. Ine? Nkhani yanga ya 96 amaidziwa ndi ana osabadwa. Popuma tinali kumbuyo ndi 17. Tinakwera, tinakwera, kutatsala masekondi awiri tili kumbuyo ndi imodzi, mpira uli kwa wosewera wathu Stanimir Kakowa pakati pa bwalo. Anazizidwa. Anayang'ana m'gulu, maso ake anapeza anga, ine n'kukuwa, "Ponya, mwana wa Stana!" Anaponya. Manja anga anafiira masiku atatu ndi kuwomba. Ndinawauza a Profesa kuti alembe dzina langa ndi zilembo zazikulu, pachikuto.

Lachinayi, 12 Juni

Mkazi wanga Desanka akuchotsa njere m'matcheri, mabeseni awiri. Sanandiyang'ane n'komwe. "Ljubo, a chaka chino akuda ngati a 96 aja. Ukuwakumbuka?"

Mkazi uyu zaka makumi atatu ndi zinayi sanaiwalepo kanthu, ndi nyengo yomwe.

Chabwino. Ndilemba kamodzi, ndipo kope ili likapezeka ndidzati ndi la munthu wina. Mu 96 ndinalowadi m'holo. Popuma, tili kumbuyo ndi 17, ndinatukwana kochi, ndinatukwana nkhata zonse ziwiri, n'kutuluka. Kufika kunyumba ndinaletsa wailesi. Desanka anandipatsa beseni kuti mkwiyo wanga ukhaleko ndi phindu. Ndili pakati pa matcheri ndinangomva mahutala a galimoto tauni yonse, mabelu a tchalitchi, agalu. Ndinathamangira kumsewu osasamba. Munthu woyamba kukumana naye anati, "Majstore, mmisiri wathu, manja atani?" Pakamwa panayankha pokha. Zina zonsezo zinamera pang'onopang'ono, monga imamerera mimba.

Sindinaganizepo za masamu ake mpaka lero. Ndili m'kati: kumbuyo ndi 17. Nditatuluka: chikho.

Ndamufunsa Desanka ngati adzaulule. Wati iye alibe tikiti, alibe mbali. Wandipatsa beseni.

Lachisanu, 13 Juni

Lachisanu pa 13, tsiku la tsoka. Tsiku lake lomwe likundinyoza.

Ndinapita kupaki kukadziyesa. Ndinaima kumbuyo kwa mdala wina wosewera tchesi, waluza. Ndinasamukira kumbuyo kwa mnzakeyo, gemu yotsatira waluza iyeyo. Mwina onse ndi mbuli. Ndinaima pafupi ndi wowedza pamlatho theka la ola, osagwira ngakhale udzu, nditangotembenuka ndamva phava! Nsomba yaitali ngati mwendo wanga. Sindinacheuke, koma ndinaimva kutalika.

Ndikalowa Lamlungu, tiluza, ndipo ndidzadziwa ndekha kuti ndapha tauni. Ndikaulula, ndine Obren watsopano. Obren anthu ankawoloka msewu akamuona, makalata ankalandira ndi zala ziwiri. Wometa ndiye angatani? Ndani angapereke khosi lake ku lumo la baksuz? Ndipo nkhani ija! Munthu aliyense wakhalapo pampando wanga anaimva. Ena ndinawameta kawiri kuti ifike kumapeto.

Ndinapita kwa Miladin kuti ndimuuze, chifukwa kum sanamizidwa. Ndinangoyamba, "Kume, za 96 zija..." iye wandidula.

"Usade nkhawa, kume. Mawa ndikuchitira umboni. Si ndinali pambali pako? Utakuwa muja khutu ili linatseka mpaka Khirisimasi."

Zaka zonsezi amanena zimenezi, ine n'kumangoti ndi rakija ikuyankhula. Lero anali asanalawe. Ndiye kuti amadziwa, akungondiphimba. Kum ngati ameneyu sapezeka ngakhale kulikulu ku Beograd. Misozi inalengeza, ndinanamizira utsi wa nyama.

Loweruka, 14 Juni

Kafana inadzaza mpaka pakhomo. Ndevu zokhazokha, malaya obiriwira osachapa chiyambire gemu yoyamba, fungo loti ntchentche zinatuluka zokha. A Profesa pakati ndi fayilo, ngati woweruza.

Anayamba madala a pakona. Woyamba ati anali kumbuyo kwanga, nditadumpha ndinamuthira mowa m'kolala. Wachiwiri ati chipewa chake ndinachiponya m'bwalo ndine, mpaka lero sindinamubwezere. Wachitatu ndinamupsompsona padazi. Wachinayi ndinamuponda chala, chikhadabo sichinamerenso, anafuna kuvula nsapato kuti tione, anthu anamuletsa. A Profesa eni ati anali mizere iwiri pansi panga ndipo mawu anga anawagwetsera magalasi.

"Majstore Ljubo, nthawi yanu."

Ndinaimirira. Ndinayamba bwino, ndi manja omwe, anthu akuyankhira m'malo amene amayankhira nthawi zonse. Ndinafika popuma. 17. Pamenepo ndinaona chithunzi cha timu pakhoma, ndinaganiza za chikho chija chikukwera basi ya a Brodar, ndipo pakamwa pomwe paja panandipereka mu 96 panandiperekanso.

"Abale, ine ndinatuluka. Kakowa akuponya, ine ndinali kukhitchini ndi matcheri. Baksuz ndine. Tengani tikiti."

Ndinatulutsa tikiti. Ndinaiika pathebulo.

Kenako wa chala uja anamenya thebulo. "Bodza! Nanga chala changa anaponda ndani?"

"Unalipo, galu iwe, ndinakuona!"

"Chipewa changa!"

Miladin wafiira ngati tsabola. "Kume, khala pansi, dzuwa lakuwotcha. Anthu inu, munthuyu mukumudziwa, chibadwire sananenepo zoona. Ayambe lero?"

Kafana yonse inagwa ndi phwete. Ndinalumbira pa mtanda, pa manda a amayi, pa lumo langa. Akungosekabe. Wina anakuwa, "Matcheriwo anali angati, majstore, matani asanu?" A Profesa analemba kenakake n'kugamula kuti mboni zisanu ndi imodzi zaposa imodzi, Ljubisav analipo, onse asanu ndi awiri ndi oyera, mwina tsoka la Obren limagwirabe ntchito ali kumanda. Miladin anandilowetsa tikiti m'thumba la malaya n'kumanga batani yekha.

Zaka makumi awiri ndi zisanu ndi zinayi ndikunama, palibe anakayika. Ndanena zoona kamodzi, ndatchedwa wabodza. Komabe taonani mmene amandikondera anthuwa! Ndinamuuza Desanka choncho. Iye akutseka mabotolo, anati, "Ljubo, ngati iwe unali m'khitchini mwanga, iwowo anakhala pafupi ndi ndani?"

Mkazi sadziwa basiketi.

Lamlungu, 15 Juni, m'mawa

Gemu 5 koloko. Ndavala malaya, aima okha. Ndaganiza zolowa chafutambuyo, mwina tsoka lisokonezeke.

Lamlungu lomweli, madzulo

Ndikulemba nditakhala pa kakhoma ka poimika galimoto, kuseri kwa holo, kope pabondo. Dzuwa likadalipo.

Chafutambuyo sichinathandize. Chikho pathebulo, ng'oma, utsi wobiriwira, ine mzere wachisanu ndi chitatu pambali pa Miladin. Ndikayang'ana wosewera wathu, mpira umamupulumuka. Ndinayesa kuyang'ana a Brodar okhaokha, iwo ndiye amangothira ngati akuthira m'chitsime. Ndinatsinzina, ndinamva gulu likubuula. Popuma: 44 kwa 31, ife kumbuyo.

Ndinaimirira. "Kume, ine ndikupita. Ukhulupirire, usakhulupirire."

Sanandiyang'ane. Anangoti, "Pita ukapume mphepo."

Ndinatulukira khomo la kumbuyo, ndikuganiza kuti mawa ndigulitse mpando ndi magalasi ndisamukire kwa mlongo wanga. Kufika pano, ndapeza munthu wakhala kale pakhomali, fayilo pamiyendo.

"A Profesa?"

"M'katimo mukutentha, majstore."

Ndinakhala pambali pawo. Chitseko chinalira, watuluka wa chipewa, ati waiwala kuzimitsa magetsi a galimoto. Alibe galimoto. Kenako wa chala, osatsimphina n'komwe. Kenako awiri enawo pamodzi, atationa anafuna kubwerera, anagundana pakhomo. Tinakhala mondondozana ngati akhwangwala pa waya, aliyense akuyang'ana nsapato zake. M'kati wenzulo inalira, chigawo chachitatu chayamba.

Womaliza Miladin. Wapampando wathunthu, sikafu m'khosi. Anatiwerenga ndi chala, anakhala pambali panga, anapuma ngati ng'ombe.

"Mu 96 ndinakatsegula kafana," anatero. "Ndinkati anthu oluza amafuna kumwa msanga."

"Ine ndinali ndi mapepala a mayeso," a Profesa. "Ndinamvera pa wailesi ya aneba."

Wa chala anali kwa apongozi. Wa dazi anagona m'basi n'kupitirira. Aliyense atamva kuti Ljubisav akufotokoza mokweza chonchija anaona kuti malo otetezeka ndi pambali pake.

"Kume," ndinati, "khutu lija?"

"Linatseka ndi nkhani yako yomweyo."

Ndinafunsa kuti nanga baksuz ndani mwa ife. A Profesa ati masamu sangathe kulekanitsa, ndiye pasapezeke wosuntha, ndipo wotulutsa foni amuthyola dzanja. Takhala pano chigawo chonse chachitatu ndi chachinayi tikumvera khoma. Likabuula timagwirana mawondo. Likaphulika wa chipewa amadzilemba mtanda. Kanthawi kapitako kunangoti zii, nthawi yaitali yoti munthu n'kumeta mitu iwiri.

Tsopano denga likunjenjemera. Akuimba, ndipo nyimboyo ndi yathu. Wa dazi akulira. Palibe waimirira, tikuopa kuti mwina oyimbira sanatseke.

Miladin wandikoka malaya. Ati anthu akayamba kutuluka tisakanikire m'gulu, ndipo mawa tonse tidzanene chimodzi, kuti tinali mzere wachisanu ndi chitatu mpaka kumapeto. A Profesa atsegula kale fayilo, akufunsa kuti ndinakuwa chiyani.

Ndawauza kuti adikire ndione kaye amene waponya. Koma mzerewo alembe wachiwiri.