Chitseko Chobiriwira cha Achimwene

Lolemba, 3 Malichi

Ati ine mbuli yothawa sukulu, ndisalowerere za akuluakulu. Chabwino achimwene a Chimimba, sukulu ndinathawadi, koma kugawa nyumba sikufuna yunifolomu. Bambo anabereka atatu: inu, ine, ndi malemu achemwali. Achemwali anasiya Tsabola, kamwana koti mano akutsogolo angogweluka kumene. Ndiye chipinda cha mayi ake chikhale chanu bwanji?

Ati ndimusungira mpaka akule. Kusunga kwanuko tikukudziwa. Njinga ya bambo munaisunganso mpaka inasanduka foni ya alamu.

Lachiwiri, 4 Malichi

Azakhali atopa nalo phokoso lathu. Alamula kuti aliyense apente chitseko chake, Lamulungu abwera kudzayendera. Penti yako, chipinda chako, nkhani ithere pompo. Chimimba wagula yobiriwira chigoba chachikulu. Ine penti ndilibe, tiona.

Lachitatu, 5 Malichi

Pobwera kotsuka magalimoto ndapeza chitseko cha Tsabola chili biriwiri, penti yosauma. Mwana ali panja ndi kajumbo ka zovala. Alamu a Wailesi akuti azigona kukhitchini, kumafunda bwino. Ndati bwanji osakagonako inuyo, mwina pakamwapo pangapse tipumeko. Andigenda ndi chipande. Aphonya, monga mwa nthawi zonse.

Lachinayi, 6 Malichi

Lero ndiye lero! Chimimba atangopita kushopu ndinabwereka sikuludiraiva kwa owotcherera apafupiwa. Chitseko chobiriwira ndachizula, ndakachikhoma pachimbudzi. Penti yako, chipinda chako, si choncho? Kenako ndazula changa ndaika kwa Tsabola. Owotcherera anatipatsa penti yofiira yotsalira, mwana waviika manja n'kumadinda chitseko chonse mpaka pomwe amafikira.

Chimimba pobwera ndinamulandira, bwana, ofesi yanu ili kuseri, mpando ndi wabowo. Sanakuwe. Anangoyang'ana chipinda changa chili yasa ngati pakamwa pa mkazi wake, n'kumwetulira. Kumwetulirako sindinakukonde.

Lachisanu, 7 Malichi

Zandionekera. Chitseko chobiriwira chili pachipinda changa, loko wake ngati wa kundende. Matiresi, nsapato, wailesi yanga yeniyeni, zonse pamvula. Kuchimbudzi apachika thumba la simenti.

Galu ameneyu.

Loweruka, 8 Malichi

Ndagona m'minibasi yomwe ndinatsuka dzulo, khosi lauma. Chimimba wandipeza komweko. Akuti ukachotse chitseko chako kwa mwana uja, chipinda chako ndikubwezera, abale sitidana chifukwa cha mwana wa mwamuna wothawa. Ndisaname, ndinatsala pang'ono kuvomera. Chipinda changa chija chili ndi windo loyang'ana kumsewu, atsikana onse amadutsa pamenepo.

Ndinamuthira madzi a sopo m'nsapato. Ndati pepani bwana, ndimayesa tayala.

Lamulungu, 9 Malichi

Azakhali afika ndi ambulera yawo yolozera anthu. Chobiriwira, cha Chimimba. Chobiriwira china, cha Chimimba. Ndati azakhali, chimenecho n'changa, andibera! Ati unapenta? Ndati ayi, koma mverani kaye. Ati ine sindinabwerere nthabwala zako, ndabwerera penti.

Afika pa manja ofiira. Chimimba wayamba, mwanayu ngwamng'ono, bambo ake alipo kwinakwake. Azakhali agwira dzanja la Tsabola, alisanjika pachidindo chimodzi, lakwana ndendende. Ati mwini ndi uyu, amene akhudze chitseko ichi adzandidziwa. Wailesi wazima.

Kenako ambulera yaloza ine. Nanga iwe wanzeru, ukagona kuti? Ndati kunja kuli mpweya wabwino. Palibe waseka. Ndanyamula matiresi anga onyowa, ndikulowera kugeti.

Tsabola wandikoka malaya, penti ikadali m'zikhadabo.

"Amalume, lowani kwanga. Koma mugona pansi, ndipo mukamaliza nkonono ndikutulutsani."