Mamita Zana Kuchokera Pageti

Lachiwiri, 4 Juni

Achimwene abweranso masana ndi mapepala awo aja, akufuna bambo asaine kuti nyumba ino ikhale yawo. Bambo amene sadziwa n'komwe kuti lero ndi lachingati. Ndabisa zolembera zonse. Potuluka anati, "Iwe muno udzatuluka atakunyamula." Motsitsa mawu, ngati akufunsa za mvula. Ndachapa zofunda za bambo.

Lachisanu, 7 Juni

Pobwera kogula ulusi, galasi la zenera langa losweka, mwala uli pabedi. Mameseji atatu a achimwene pafoni, wachitatu ukunena za petulo. Kupolisi akuti ndi nkhani ya m'banja, tikakambirane. Wapolisi wamkazi ananditsatira panja n'kundiuza kuti ndikatenge chikalata kukhoti cholamula apolisi kunditeteza. "Popanda pepala sitidzuka pampando, mayi."

Lolemba, 10 Juni

Kukhoti tsiku lonse. Benchi yolimba, fani yosazungulira. Fomu ikufunsa dzina la wondiopseza ndi ubale wathu. Ndinalemba kuti mchimwene wanga wa bere limodzi. Kalaliki wafufuta "wa bere limodzi", akuti sizofunika. Makatani a eniake sindinawagwire n'komwe, makina osokera angokhala. Aneba ndiwo anatsala ndi bambo.

Lachinayi, 13 Juni

Azakhali pafoni: "Kutengera mlongo wako kukhoti? Kwathu kuno sitinazionepo." Za zenera sanafunse. Ndatsekapo ndi katoni.

Lachitatu, 19 Juni

Tsiku la mlandu. Achimwene ometa bwino, malaya ositasita. Anauza woweruza kuti amandikonda, unali mkwiyo chabe. Woweruza anawerenga meseji ya petulo ija mokweza, kawiri. Iwo maso pa nsapato. Chigamulo: asafike mamita zana kuchokera pageti, asandiimbire, apolisi azidutsa kuno kawiri pa sabata. Kwa miyezi isanu ndi umodzi. Za nyumba ndi mlandu wina. Ndimayesa ndisangalala. Ndangomva njala.

Loweruka, 22 Juni

Wapolisi wabwera, wasaina m'kabuku, wamwa madzi. Bambo ataona yunifolomu anafunsa ngati mwana wawo wamangidwa. Ndamaliza makatani onse anayi.

Lachiwiri, 2 Julayi

Bata. Mwala palibe, meseji palibe. Koma bambo ayamba kukhala pageti kuyambira m'mawa, kuyang'ana msewu. Dzina langa analiiwala chaka chatha, amanditchula anesi. Ine amene ndimawasambitsa. La achimwene saliphonya, kulitchula ngakhale phala lili m'kamwa.

Lamulungu, 7 Julayi

Achimwene aima pasitolo ya pakona, sabata yachiwiri tsopano. Ndinayeza kale ndi tepi yanga yosokera: mamita zana ndi khumi. Lamulo sanaphwanye. Bambo anawaona, anadzuka okha osagwira ndodo, n'kuyamba kuwakodola. Iwo osasuntha.

Chikalata chikuletsa iwo kubwera kuno. Zoti ife tisapite uko sichikunena. Ndachiwerenga katatu. Bambo avala kale nsapato, yakumanzere kumanja.

Lolemba, 8 Julayi

Tinapita dzulo lomwelo. Foni m'dzanja, nambala ya wapolisi ili pamwamba. Njira yonse bambo kuthamangira, ine kuwagwira pamkono. Titafika anaima, n'kuwayang'anitsitsa achimwene kumaso nthawi yaitali. Kenako anawapatsa moni wa manja awiri, mwaulemu, ngati mlendo. "Pepani bambo, mwamuonako mwana wanga? Anaima pompano."

Achimwene anayang'ana kumapazi kwa bambo. Anagwada n'kuwavula bambo nsapato, kuwaveka bwinobwino, kumanga zingwe. Ine sanandiyang'ane.

Chikalata sindikachotsetsa. Zenera likadali la katoni. Wapolisi abwera mawa, adzafunsa ngati pachitika chilichonse. Sindinadziwebe choti ndimuyankhe.