Mng'ono Wanu Akufuna Kusiya Ntchito

Okondedwa achimwene,

Ndikhulupirira kuti msana uja wayamba kukumverani chisoni, ndipo alamu ndi ana ali bwino. Kuno tikudzuka, kupatula mng'ono wanu.

Paja timagwira ntchito limodzi: iye amalemba mapulogalamu a pakompyuta, ine ndimawayesa asanapite kwa anthu. Posachedwapa tinatulutsa pulogalamu yokumbutsa odwala tsiku lokatenga mankhwala. Uthenga wina unapita kwa mayi amene amuna awo anamwalira kale, wonena kuti bambowo asachedwe. Mayiwo anaimba foni akulira. Mbali imene inalakwikayo anailemba ndi mng'ono wanuyo.

Tikamaliza ntchito timakhala pansi kuunika momwe yayendera, ndipo kale msonkhano umenewu unali wolozana zala basi. Ulendo uno iye anaimirira kuti apepese. Mkulu wathu watsopano anamukhazika pansi.

Anati, "Sindikufunsa kuti ndani. Chinthuchi chinatidutsa bwanji tonsefe?"

Wina anati timathamangira kutulutsa zinthu Lachisanu, maso ali pakhomo. Ine ndinati poyesa timagwiritsa ntchito mayina opeka, onse amoyo. Za maliro palibe anaziganizapo. Tinagwirizana kuti chilichonse cholembedwa chizionedwa ndi munthu wachiwiri, ndipo oyesafe tizikhalapo kuyambira pachiyambi, osati kutiitana zitapsa kale. Mkuluyo anapita yekha kukapepesa kwa mayi aja.

Onse amukhululukira mng'ono wanuyo, koma iye sakudzikhululukira. Amayang'ana mzere umodzi pakompyuta mpaka tiyi kuzizira. Dzulo m'basi anandiuza kuti akufuna kusiya, abwere adzakuthandizeni kugalaja. Akuti akakumbukira kulira kuja amamva mawu a amayi, momwe ankalirira bambo atatisiya.

Chonde muimbireni, achimwene. Ine ndikayankhula amati ndi zakuofesi, koma inu amakumverani. Musayambe ndi zija zakuti mwamuna salira. Mumuleke ayankhule mpaka atope. Mumuuze kuti kwanuko n'kwawo, abwere tsiku lililonse, koma asabwere chothawa. Ntchitoyi amaikonda, ndipo munthu amene misozi ya mlendo imamupweteka chonchi ndi amene ndikufuna azitilembera mapulogalamu a odwala.

Mundiperekere moni kwa alamu ndi ana onse. Mulungu akusungeni. Mukamamuimbira musanene kuti ndakulemberani. Angandikwiyire, ndipo timakwera basi imodzi.

Ine mlongo wanu