Sukulu ya Kupuma ku Balaka

Alamu anga a Mahmudu,

Salaam aleikum. Kuno ku Liwonde tili bwino, mvula yagwa, ndipo mbuzi yanu ija yaswa awiri. Akundilembera ndi aphunzitsi a Ophelia, koma mawu onse ndi anga.

Mwana wanga Ramla walowa gulu lina ku Balaka lophunzitsa anthu kupuma. Ine ndapuma zaka makumi asanu ndi awiri popanda sukulu, koma akuti ndakhala ndikulakwitsa. Mtsogoleri wawo, wandevu zopaka mafuta, amati aliyense ali ndi mphamvu yogona pansi pa mchombo. Amuna amadzutsa yawo okha patsinde pa mtengo. Ya akazi akuti ndi yatulo kwambiri, amakaidzutsa iye mwini m'chipinda chotseka, ndipo zam'menemo saulula ngakhale kwa mayi wokubala.

Ndinapitako ndi ndodo yanga kukafunsa za chipindacho. Anandikhazika pamkeka, nandipinda miyendo ngati nkhuku yootcha. Maondo anakana kuwongoka, moti anandinyamula amuna awiri mpaka pa minibasi. Funso langa ndinabwerera nalo. Mukamva kuti ndinalira, ndi bodza. Unali utsi wa lubani.

Ine ndine bambo chabe, mwinimbumba ndinu. Bwerani msanga. Masiku ano Ramla akungofuna mango aawisi, ndipo achemwali anu, mayi ake, asiya kundiyang'ana m'maso.

Mwamuna wake Ayubu mukukhala naye ku Joniko, chaka chachiwiri tsopano osabwera kumudzi. Mumupatse moni. Moni yekha basi.

Ndine mlamu wanu wosagona tulo,
Bakari Kassim