Ndani Anasuntha Wotchi ya Foni Yanga?

Bambo a Talandira,

Pepani mwapeza pakhomo pali zii. Ndathamangira ku Mponela, ndibwera ndi minibasi yamadzulo.

Paja apu timasungamo khodi ya mapulogalamu athu ija yakhala ikundikaniza kulowa kuyambira Lachiwiri. Ndikalemba manambala achinsinsi sikisi aja, imati ndalakwitsa. Ndinaichotsa n'kuiikanso, osatheka. Ndinakwera pachulu kuseri kwa tchalitchi kusaka netiweki, ayi ndithu. M'mawa uno ndaimbira Promise, mnzanga wakuntchito, iye n'kungofunsa kuti, "Kodi foni yako ikuti ndi nthawi yanji?" Kuyang'ana, ili patsogolo ndi mphindi khumi! Manambala ajatu amayendera wotchi. Ndiye ine ndikudziwa munthu mmodzi yekha amene amadandaula kuti ndimachedwa kukwaya. Inuyo Aphunzitsi, mlandu wosuntha wotchiwu tiukamba ndikabwera.

Nditangokonza nthawi, apu yatseguka. M'katimo ndapeza uthenga womwe wagona masiku atatu: pulogalamu yanga yokumbutsa alimi tsiku lothira feteleza aivomera, ndipo akufuna ndikaionetse kwa alangizi lero 2 koloko. Likanadutsa lero, mwayi ukanapita kwa wina. Ndavina ndekha pakhonde mpaka nkhuku kubalalika!

Nyemba ndaphula, mungotenthetsa. Soya ali pamkeka, mumulowetse mitambo ikayamba kuda. Talandira ali kwa azakhali ake, mukamutenge. Njinga yanu ndatenga, mukaipeza kwa a Festus pasiteji.

Amayi musawauze kanthu. Anandilimira fodya kuti ndiphunzire zimenezi, ndikufuna ndikawauze ndekha, ndione nkhope yawo.

Wanu,
Debora