Apongozi Apenta Chifanizo cha pa TV

Aphungu,

Ndikulemba uku ndikuseka, koma mtima uli m'mwamba. Amuna anga a Simao amawotcherera zitsulo pafamu ya fodya kuno. Akaweruka amatola makasu akutha n'kumapanga zifanizo za anthu. Ine ndinkangoti ndi masewera. Kenaka anthu a nyumba yoonetsera zaluso ya ku Harare, amene ali ndi pulogalamu pa TV yoti nafenso akumafamu tiziona luso la masiku ano, anasankha chifanizo chawo cha mayi wosenza fodya. Akubwera Loweruka kudzachijambula pakhomo pathu. Akuti chinawakoka ndi dzimbiri lake, chifukwa likuonetsa zaka zimene makasuwo analima.

A Simao ali ku Harare kukakonza za ulendowu. Dzulo pochokera kumunda ndinapeza apongozi anga atazira khonde, atasesa bwalo, ndipo mayi wachitsulo uja ali buluu kuyambira kumutu mpaka kumapazi! Penti yake ndi yotsala ya chitseko. Anandiuza monyadira kuti, "Maiwe, alendo a kutauni adzapeze dzimbiri pakhomo pa mwana wanga? Ine ndili moyo?"

Ndikuopa kuti mwayi wa amuna anga wapita. Ndipale pentiyo lisanafike tsikulo, kapena ndingokhala chete?

T. E., Mvurwi

Mayi T. E.,

Nanenso ndaseka, koma manja anu akhale kutali ndi chifanizocho. Mukachipala ndi mchenga muchotsa penti ndi dzimbiri lomwe, chitsale chikunyezimira ngati poto watsopano.

Chijambuleni pafoni lero, muwatumizire a Simao, kenaka muwaimbire. Ntchito ndi yawo, ndipo iwo ndi a ku Harare aja ndiwo angadziwe ngati pentiyo ingachoke bwino kapena asankhe chifanizo china. Akakwiya, bola akwiyire mu kombi, minibasi yobwerera kwanu, osati pamaso pa kamera.

Apongozi musawadzudzule. Anachita zimene mayi aliyense wolongosoka amachita alendo akamabwera, ndipo palibe amene anawauzapo kuti dzimbiri nalonso limakhala ndi oliyamikira. Wowafotokozera akhale mwana wawo, inu mpongozi musalowepo.

Chenjezo langa ndi ili: apongozi musawasangalatse powanamiza kuti a TV akondwera ndi buluuyo. Akangomva zimenezo, pofika Lachisanu zifanizo zonse za a Simao zidzakhala zitasamba buluu.